Chingerezi cha pa Jeti: Mafunso a ku Nkhata Bay ndi Mayankho Ake

Tsiku limene Ilala yakocheza pa Nkhata Bay, imani pakati pa jeti ndi msika mutchere khutu. Mumva Chitonga cha eni dera, Chitumbuka cha otsika pa minibasi kuchokera ku Mzuzu, Chichewa cha ogula usipa, ndiponso Chingerezi. Chingerezicho n'chimene chimasokoneza, poti si chimodzi. Pali cha aphunzitsi, cha alendo oberekera zikwama kumsana, chobwera ndi anyamata a ku Joni, ndi cha pa foni. Liwu lomwelo limatuluka ngati ulemu m'kamwa mwa uyu, n'kukafika ngati chipongwe m'khutu mwa uyo. Mafunso otsatirawa ndi a aliyense amene amadyera pa doko limeneli: wosema ziboliboli, woyendetsa boti, woperekera zakudya pa loji, ngakhalenso mwana wa Folomu 4 amene akufuna kukayesa lilime lake ku Chikale.

Chingerezi ndinakhoza bwino pa MSCE. Nanga bwanji mzungu akayamba kulankhula ndimangotolapo mawu awiri atatu?

Inu munaphunzira cholemba, iye akulankhula cha pakamwa. A MANEB amayesa galamala, kalata ndi chimangirizo. Sayesa mmene mnyamata wa ku Manchester amamezera mawu akatopa. "Going to" amati "gonna", "want to" amati "wanna", ndipo "I don't know" amangotsala "dunno". Nafenso timatero. Ndani amamaliza kunena "ndili bwino, kaya inu" kwa mnzake woonana naye tsiku ndi tsiku? Timangoti "bho". Musadzione operewera: wa ku Glasgow ndi wa ku Texas akakumana pa bala imodzi, nawonso amapemphana kubwereza. Ingonenani kuti "Sorry, can you say that again slowly?" Paja safunsa anadya phula.

Kodi "slang" ndi "idiom" n'chimodzimodzi?

Ayi. "Idiom" ndi chining'a, mawu angapo amene tanthauzo lake simungalipeze powamasulira limodzilimodzi. Tikati "ndamutsina khutu" palibe khutu limene latsinidwa. Mngerezi akati "I'm pulling your leg" palibe mwendo umene wakokedwa, akungokusereulani. "Slang" ndi mawu a m'misewu ndi a pagulu la anzako, monga athu aja: madilu, shasha, mfana. Chining'a chimakhalitsa, mawu a m'misewu ambiri amafera limodzi ndi m'badwo umene unawabala.

Mlendo wandifunsa kuti "You alright?" Kodi ndikuoneka wodwala?

Simukuoneka wodwala. Kwa Mngerezi ameneyo ndi moni chabe, ndipo sakudikira kuti mumufotokozere za malungo a sabata yatha. Yankho ndi "Yeah, you?" basi. Wa ku America amati "What's up?", wa ku Australia "How ya going?", wa ku South Africa "Howzit?" Ife moni timaimira, kugwirana chanza, kufunsana za kunyumba. Iwo amaponya ali chiyendere. Si mwano, ngakhale kwa ife zimaoneka ngati munthuyo akuthamangitsidwa.

Ndamubwezera chenji, iye n'kuti "Cheers, mate", chikhalirecho m'manja mwake mulibe botolo.

Ku Britain "cheers" ali ndi ntchito zitatu: pogundanitsa mabotolo, pothokoza pa kanthu kakang'ono, ndi potsanzikana. "Mate" ndi "aise". Inu mukathokoza iye n'kuyankha kuti "no worries", ndiye kuti "palibe kanthu", mawu amene anthu a ku Australia amawakonda koposa. Koma "mate" musungireni anzanu a msinkhu umodzi. Agogo achizungu, kapena bwana amene mukukamufunsira ntchito, musawaitane choncho.

Ndimagulitsa ziboliboli ndi zojambula m'mbali mwa msewu wopita ku Chikale. Mlendo akati "maybe later", ndimusungire katunduyo?

Musamusungire. Apa ndi pamene anthu athu ambiri amapsera mtima pachabe. Azungu ambiri, makamaka Angerezi, amaopa kunena "ayi" pamaso pa munthu, ndiye amamukulunga m'nsalu. "Maybe later", "I'll think about it", "I might come back tomorrow", "I'm just looking": kawirikawiri zonsezi ndi "ayi" wovala jekete. Inu mukamudikirira mawa lake pa geti la loji n'kumukumbutsa kuti "you promised", iye amadabwa poti mumtima mwake sanalonjeze kanthu, inunso mukudabwa kuti munthu wamkulu akunamiranji. Koma tisadziyeretse, "ayi" wotereyu nafenso tili naye. Wangongole akati "ndikuonani mawa", kapena apongozi akati "tiona", ndani sadziwa kuti nkhani yathera pomwepo?

Pa malonda pali mawu enanso ofunika kuwatchera khutu. Mngerezi akanyamula chiboliboli n'kuti "not bad", wachikonda, musafulumire kutsitsa mtengo. Akati "interesting" mozizira n'kuchibwezera pansi, sichinamugwire mtima. "That's a rip-off" ndiye kuti akuona ngati mukumubera pa mtengo. "It costs an arm and a leg" n'chinthu chodula koopsa, pamene "a bargain" n'chimene wachipeza motchipa. "I'm broke", kapena "I'm skint" kwa Angerezi, sikuti wathyoka penapake: m'thumba mwauma. "Quid" ndi paundi, "bucks" ndi madola. Liwu loopsa pa onsewa ndi "dodgy", limene a ku America amati "sketchy", kutanthauza chokayikitsa. Mukamva akunong'oneza mnzake kuti "that guy seems dodgy", dziwani kuti ulendo wa pa boti umene mumakambirana uja wafa, ndipo madzulo omwewo mbiri yanu ikhala itazungulira loji yonse.

Ndinauza mlendo kuti "Give me your phone, I take you a photo." Anakwinya nkhope. Ndinalakwa pati?

Chichewa chimanyamula ulemu m'kati mwa liwu lenilenilo. "Ndipatse" ndi "ndipatseni" amasiyana ndi ka "-ni" kokha, koma kameneko n'kamene kamasiyanitsa mwana woleredwa bwino ndi wamwano. Chingerezi kameneko chilibe. "You" ndi mmodzi yemweyo kwa khanda ndi kwa mfumu. Ulemu wake umabwera ndi mawu ozungulira: "Could you", "Would you like me to", "please". "Give me" wosavala kanthu amamveka ngati lamulo la wapolisi pa rodibuloko. Inu mumtima munanena "ndipatseni", iye anamva "bweretsa".

Mzungu anapunthwa pa miyala potsikira kunyanja, ine n'kuti "Sorry!" Iye anayankha kuti "It's not your fault." Kodi ndinati ndamukankha ndine?

"Pepani" wathu ndi wamkulu kuposa "sorry". Amapepesa, amatonthoza, amakhuza maliro. Kwa iwo "sorry" akaima yekha nthawi zambiri ndi kuvomera kulakwa. Munthu akagwa amamufunsa kuti "Are you okay?", akamva uthenga wachisoni amati "I'm sorry to hear that." Komabe ine sindingauze Mmalawi kuti ataye "sorry" ameneyu. Alendo amene amakhalitsa kuno amayamba kumunena okha, n'kupita naye kwawo.

Chingerezi cha ku Britain ndi cha ku America n'chosiyana kwenikweni, kapena ndi katchulidwe chabe?

N'chosiyana mokwanira kukuchititsani manyazi. Ife tinatengera Britain, n'chifukwa chake panti ndi chovala cha m'kati. Wa ku America akati "nice pants" akuyamikira thalauza lanu, sanaone china chilichonse. Tchipisi cha pa chiwaya ndi "chips" kwa Mngerezi, koma wa ku America amati "fries". "Chips" zake ndi tija touma ta m'mapaketi. Mngerezi akati "he's pissed" ndiye kuti munthuyo waledzera, wa ku America akatero ndiye kuti wakwiya. Mpira umene timaonera m'mashowu, ku America ndi "soccer". "Football" yawo amathamanga nayo m'manja atavala zipewa zolimba.

Nanga "rubber". Kwa ife a boma lino liwuli limatikumbutsa mitengo ya mphira ya ku Vizara ndi mipira imene ana amagulitsa m'mbali mwa msewu wopita ku Chintheche. M'kalasi ndi chofufutira pensulo, monganso ku Britain. Koma ku America chofufutira ndi "eraser", ndipo "rubber" m'chinenero cha m'misewu ndi kondomu. Mwana wa Sitandade 6 akakweza mkono n'kupempha "rubber" kwa mphunzitsi wongodzipereka wochokera ku America, mphunzitsiyo amayamba wadzidzimuka, poganiza kuti mwanayo akufuna Chishango.

Anthu amati Atonga ndi a "smart". Akunena nzeru kapena kutchena?

Ku Britain "smart" amanena kwambiri za kavalidwe: malaya osita, nsapato yopolisha. Ku America amanena za nzeru. Kuno timatsata Britain, ndipo mbiri ya Mtonga wa suti ndi tayi dzuwa likuswa mtengo inachokera kutali. Amishoni a ku Scotland, motsogozedwa ndi Dr Robert Laws, anasamuka ku Cape Maclear n'kudzakhazikika ku Bandawe mu 1881, ndipo Atonga analandira sukulu msanga kuposa mitundu yambiri ya m'dziko muno. Chingerezi chinasanduka katundu wopita naye kunja. Ndicho chinkapezetsa munthu ukalaliki kapena ukapitawo ku Southern Rhodesia ndi ku South Africa. Clements Kadalie, wobadwira ku Chifira pafupi ndi Bandawe, anakayambitsa bungwe la apantchito la ICU ku Cape Town mu 1919, ndipo makamu a anthu a dziko la eni ankawakopa ndi Chingerezi. Orton Chirwa, loya woyamba wachikuda m'dziko muno, analinso wa boma lomwe lino. Kapena kaonereni malipenga: yunifolomu yoyera mbee, masokosi ofika m'maondo, maudindo monga kingi ndi dokotala. Ndi perete wa asilikali a atsamunda amene anthu a m'mbali mwa nyanja anamulanda n'kumusandutsa gule wawo. Ndiye mukafunsa kuti nzeru kapena kutchena, Mtonga akuyankhani kuti zonse ziwiri, ndipo akuyankhani m'Chingerezi.

Achimwene anga abwera kuchokera ku Joni. Anati "I'll do it just now", koma dzuwa lalowa asanachite.

Sananame, alankhula cha ku South Africa. Kumeneko "just now" ndi nthawi ina iliyonse kutsogoloku, mwina madzulo, mwina mawa. "Now now" ndi posachedwa, komabe osati pompano. Akaona khanda n'kuti "ag, shame", sakunena za manyazi. Ndi mawu achikondi kapena achifundo. "Lekker", lochokera ku Chiafirikanzi, n'chinthu chokoma. "Sharp sharp" ndi amene ife tinamudula kukhala "shapu". Maloboti a m'misewu ya ku Lilongwe ndi ku Blantyre dzina lake ndi lomwenso amagwiritsa ntchito kumeneko. Mukauza wa ku London kuti "turn left at the robot" ayamba kufunafuna chidole chachitsulo.

Njira imeneyi si ya lero. Agogo athu ankapita kumigodi ndi bungwe la Wenela, mpaka ndege yonyamula ogwira ntchito m'migodi itagwa ku Francistown mu 1974 n'kupha Amalawi oposa 70, Kamuzu n'kuimitsa ulendowo. Kenaka kunabwera bungwe la Theba. Lero ndi mabasi onyamukira ku Mzuzu. M'badwo uliwonse umabwerako ndi katundu m'sutikesi ndi mawu m'kamwa.

Kodi "aise" ndi Chichewa?

Lero ndi Chichewa, koma anabadwa ali "I say!", mfuu ya Angerezi akale poitana munthu kapena podabwa. Kwawoko anatsala m'mafilimu akale okha, koma kuno ndi kwa olankhula Chiswahili ali moyo ndithu. Mawu ambiri otere tinawabwereka n'kuwapatsa ntchito ina. "Sitima" ndi "steamer", chombo choyendera nthunzi, monga Ilala yoyamba imene amishoni anaiika pa nyanjayi mu 1875. Ilala ya lero, yomangidwa ku Scotland n'kuyamba ntchito mu 1951, imayendera dizilo, koma tikuitchabe sitima, ndipo ya pa njanji nayonso ndi sitima. "Geni" ndi "gain", kutanthauza phindu. Ife tinatcha malonda enieniwo, ngakhale akhale oluza. "Okala" ndi "hawker", munthu woyenda ndi malonda khomo ndi khomo. Wathuyu ndi kanyumba kosasuntha. "Siteji" kwa Mngerezi ndi nsanja ya zisudzo, choncho mlendo wofuna minibasi muuzeni za "bus stop". Komanso si zonse zachilendo zimene zili za Chingerezi: nsapato, kalata ndi ganyu n'zochokera ku Chipwitikizi, bwana ndi ndege ku Chiswahili.

Ndinamva kuti "boma" ndi chidule cha "British Overseas Military Administration". Zoona?

Ndi nthano yokoma, koma si zoona. "Boma" ndi liwu la Chiswahili lotanthauza linga kapena mpanda wotetezera anthu ndi ziweto, ndipo linalipo Angerezi asanayambe kulamulira kuno. Maofesi oyamba a atsamunda ankakhala m'malinga otero, dzina n'kukakamira. Mukamva kuti liwu lakalekale ndi chidule cha mawu ataliatali, yambani mwakayika. Limene lilidi chidule ndi "OK". Linaoneka m'nyuzipepala ya Boston Morning Post pa 23 Malichi 1839, kuimira "oll korrect", kulemba "all correct" molakwitsa dala pofuna kuseketsa owerenga. Nthabwala ya mtolankhani mmodzi lero ikunenedwa ndi agogo ogulitsa chinangwa pa msika.

Nanga "gate" wa mu Cashgate ndi geti liti?

Palibe geti. Watergate ndi dzina la nyumba za ku Washington kumene mu 1972 anthu anathyola ofesi ya chipani cha Democratic, nkhani imene inachititsa Pulezidenti Richard Nixon kutula pansi udindo mu 1974. Chiyambire pamenepo atolankhani amamata "gate" kumapeto kwa nkhani iliyonse yonunkha. Kubedwa kwa ndalama za boma ku Capital Hill kutaululika mu 2013, dzina linali lokonzeratu.

Pali zining'a za Chingerezi zimene munthu wa kunyanja angazimve mosavuta?

Zambirimbiri, poti Angerezi ndi anthu a pa chilumba, ndipo chilankhulo chawo chinakulira m'zombo. Apa wa ku Nkhata Bay amaposa wa ku Dedza. "You've missed the boat" ndiye kuti mwayi wakudutsani. Aliyense amene Ilala inamusiyapo pa jeti ali ndi matumba a ufa opita ku Likoma safunika womumasulira. "We're in the same boat": vuto lathu ndi limodzi. "Don't rock the boat": zinthu zili phee, musazivundule, ndipo amene anakwerapo bwato mwera ukuwomba akudziwa chimene chimachitika wina akayamba kudzukadzuka. "All hands on deck" ndi nthawi imene aliyense ayenera kugwirapo, monga pokoka khoka. "Learning the ropes" ndi kuzolowera ntchito yatsopano, kuchokera ku zombo za matanga zimene zinali ndi zingwe zosawerengeka zoti wachilendo aziloweze.

Nsomba nazo zilimo. "Something is fishy": pali kanthu kakununkha pa nkhaniyi. "A fish out of water" ndi munthu amene wapezeka pamalo posamuyenera, ngati msodzi wa ku Usisya pa msonkhano wa mu hotela ku Lilongwe. "He drinks like a fish" ndi chidakwa. "He swallowed it hook, line and sinker": bodza lonse analimeza pamodzi ndi mbedza yomwe. Mnzanu chibwenzi chikamuthera amamutonthoza kuti "there are plenty more fish in the sea", kunena kuti akazi kapena amuna sanathe. Chining'a chimenechi msodzi wa masiku ano, amene akuona chambo chikusowa chaka ndi chaka, akhoza kuchitsutsa.

Kusukulu anatiphunzitsa "it's raining cats and dogs". Mvula ya kuno ndi yosasewera, koma sindinamvepo mlendo akunena zimenezi.

Ndipo mwina simudzamumva. Aliyense amachidziwa, koma ochinena ndi ochepa, chinakalamba. Amangoti "it's pouring", Angerezi ena amati "it's chucking it down". Mabuku a sukulu amasunga zining'a ngati mmene agogo amasungira mbale za alendo m'kabati.

Choopsa n'chakuti buku limakupatsani tanthauzo osakuuzani kulemera kwa mawuwo. "To kick the bucket" ndi kumwalira, inde, koma musachiyerekeze ndi "kutsamira mkono". Chathuchi n'chaulemu, chawocho n'chanthabwala, ndipo kuchinena pa maliro n'kutukwana anamfedwa. Mawu oyenera ndi "passed away". Palinso "my father is late". Ife timamva kuti bambowo anatisiya. Mlendo amayang'ana pa wotchi n'kufunsa kuti afika nthawi yanji. "My late father" ndiye amamveka kulikonse.

Titaponya nsomba, nkhwazi n'kutsika kudzaiwakha, mlendo anakuwa kuti "That was sick!" Chinamunyansa n'chiyani?

Palibe, anasangalala zedi. Achinyamata amakonda kutembenuza mawu chadodolido: "sick", "wicked", "insane", "crazy", onsewa akhoza kutanthauza chinthu chogometsa. Ifenso timati "nyimbo iyi ndi yoopsa", kapena "mwanayu ndi chilombo pa masamu". Mvetserani mawu ake ndi nkhope yake, osati liwu lokhalo. Akati "I feel sick" atagwira pamimba boti likuvina pa mafunde, pamenepo ndiye mupatseni malo m'mphepete.

Chimodzimodzi "GOAT". Mukaona pa Facebook wina atalemba kuti Messi kapena Ronaldo ndi "GOAT", sakumutukwana. Ndi chidule cha "greatest of all time", katswiri woposa onse. Koma musayese kukamasulira kwa amalume anu kuti "ndinu mbuzi pa bawo".

Ndiye Chingerezi chathu cha ku Malawi n'cholakwika?

N'chathu, ndipo pakati pa ife tokha chimagwira ntchito bwino lomwe, monga cha ku Nigeria, ku India kapena ku Jamaica. Chofunika n'kudziwa malo amene mlendo angagwe nacho m'dzenje. "I'm coming" tikumanena tikuchoka, poti ndi "ndikubwera". Iye amadabwa kuona msana. Nenani "I'll be right back". "Borrow me your pen" amachokera ku "kubwereka", kumene kwa ife kumayenda mbali zonse ziwiri. Chingerezi chimasiyanitsa "lend", kupereka, ndi "borrow", kulandira. "Relish" kwa ife ndi ndiwo, monga nsomba ya batala ya pa kondowole. Kwa iwo ndi tokometsera tapang'ono topaka pa buledi kapena pa nyama. "You have grown fat" ndi "mwanenepa", kuyamikira kuti moyo ukuyenda, koma mayi wachizungu mukamuuza zimenezo tsiku lake lonse mwaliwononga. Choposa zonse ndi "I will flash you". Ife tikunena kuliza foni n'kudula kuti nambala itsale. Kwawo "to flash someone" ndi kumuonetsa maliseche mwadzidzidzi. Nenani "I'll give you a missed call".

Koma "Where do you stay?" musachite naye manyazi. Wa ku London amayembekezera "Where do you live?", pamene ku Scotland, kwawo kwa Laws, amafunsa ndendende ngati ife.

Anyamata ena a ku gombe amati "irie", "ya man", "wagwan". N'Chingerezi cha kuti?

Cha ku Jamaica, chilankhulo chimene chinabadwa Chingerezi chitasakanikirana ndi zilankhulo za akapolo ochokera ku Africa. Kuno chinafika ndi nyimbo za rege: Bob Marley, Lucky Dube wa ku South Africa, ndipo kwathu kuno Evison Matafale ndi Black Missionaries. "Irie" ndi "zili bwino", "wagwan" ndi "zikuyenda bwanji", "Babylon" ndi apolisi kapena ulamuliro wopondereza. Kumbukirani kuti alendo ambiri a pa doko lino ndi a ku Germany, Netherlands, Israel kapena Spain, amene Chingerezi anachiphunzira m'kalasi ngati inu nomwe. Chosavuta, cholankhulidwa pang'onopang'ono, chimawafika msanga kuposa cha ku Jamaica.

Ndipo wina akakufunsani za "weed", sakunena udzu wopalira m'munda wa chinangwa, akunena chamba. Lamulo la 2020 linangoloreza kulima kwa ziphaso, kwa mankhwala ndi kwa mafakitale. Chosuta n'chomangitsabe.

Pa foni ndimakumana ndi "catfish" ndi "ghosting". Kampango akutani pa intaneti?

"Catfish" ndi gulu la nsomba za ndevu, monga mlamba, kampango ndi bombe. Pa intaneti ndi munthu amene amadzibisa ndi dzina ndi zithunzi za wina pofuna kukopa mnzake m'chikondi, kawirikawiri mapeto ake n'kupempha ndalama. Tanthauzoli linafala ndi filimu ya 2010 yotchedwa Catfish. "Ghosting" ndi kungozimirira: dzulo mumacheza mpaka usiku, lero mauthenga sakuyankhidwa, popanda mkangano, popanda kutsanzika. "DM" ndi uthenga wa kuseri, "crush" ndi amene mtima ukumufuna iye asakudziwa, "LOL" ndi kuseka. "OMG" amaoneka wa ana a lero, koma mkulu wina wa asilikali a pamadzi ku Britain, Lord Fisher, anamulemba m'kalata yopita kwa Winston Churchill mu 1917.

Mawu amene ndimamva m'mafilimu ndi m'nyimbo za rap ndingawagwiritse ntchito?

Liwu lotukwana m'chilankhulo cha eni siliwawa m'kamwa, n'chifukwa chake mwana amene sangayerekeze kutukwana m'Chitonga pamaso pa amayi ake amatulutsa liwu loyamba ndi F ngati akutafuna chingamu. Kwa mwini chilankhulo liwulo ndi lolemera monga zotukwana zathu zija zotchula ziwalo. Alendo ena amalinena pakati pa anzawo, koma si chilolezo choti inu muwalandire nalo. Loyamba ndi N lija ndiye lisiyeni kutali. Linachokera m'nthawi ya ukapolo ku America, ndipo ngakhale oimba achikuda amalinena okhaokha, mlendo wachikuda wochokera kumeneko mukamupatsa moni nalo mukhoza kudana naye tsiku loyamba lomwelo.

Pa mayeso kapena m'kalata yofunsira ntchito?

Musayerekeze. "Gonna", "u", "coz", "guys", zonsezi zitsale pa WhatsApp. Chingerezi ndi phunziro limene mukalephera satifiketi ya MSCE simuiona, ndipo wochonga sakufuna kudziwa kuti mumacheza ndi azungu. Chining'a chimodzi choikidwa pamalo pake chimakometsa chimangirizo. Zisanu m'ndime imodzi zimaonetsa kuti munaloweza usiku.

Mlendo amene ndakhala ndikumuperekeza sabata yonse wakwera Ilala, ndipo ponditsanzika wati "See you later." Abweranso liti?

Mwina sabweranso. "See you later", "see you around", "catch you later" ndi "tsalani bwino" chabe, amanena ngakhale kwa munthu amene akudziwa kuti sadzaonananso naye. "We must keep in touch" ndi ulemu wa potsanzikana. "You should come and visit me sometime" si tikiti ya ndege, pokhapokha atatchula mwezi ndi tsiku. Ngati pali ndalama imene sanakulipireni, itchuleni iye asanaponde pa sitima. Nambala mupatseni, mkono mumukwezere mpaka Ilala ikhote, kenaka bwererani ku msika: minibasi ya ku Mzuzu ikutsitsa ena.